Mahjub bin Adam Mohamed: msilikali amene anapita ku Berlin kukafuna malipiro ake

Ngati munagwirapo nchito, tsiku lolandira n'kukwana, bwana n'kukuuzani kuti mubwerenso mawa, nkhani iyi simuvutika kuimva. Ndi ya munthu amene anacoka kuno ku Africa pa sitima yapamadzi mpaka kukafika ku Berlin, kukafunsa malipiro ake ndi a bambo ake. Ndalamazo sanazione. M'malo mwake anapezeka ali m'mafilimu a Ajeremani, atavala yunifolomu ya usilikali, akusewera ngati munthu wakuda wokondwa ndi ulamuliro wa azungu. Dzina lake linali Mahjub bin Adam Mohamed, koma ku Jeremani ankamudziwa kuti Bayume Mohamed Husen.

Mwana wa zaka khumi kunkhondo

Mahjub anabadwa pa 22 Febuluwale 1904 ku Dar es Salaam. Nthawi imeneyo dziko limene lero timati Tanzania linali m'manja mwa Ajeremani, pamodzi ndi Rwanda ndi Burundi. Bambo ake anali ocokera ku Sudan, ndipo anali m'gulu la anthu akuda amene Ajeremani anawalemba nchito yogwira mfuti. Anthu amenewa pa Ciswahili ankachedwa askari, mawu omwe aja ife timati asilikali. Mnyamatayu anaphunzira kulemba ali wamng'ono, moti banja lawo litasamukira ku Lindi, iye anayamba kugwirako ukalaliki pa fakitale ya thonje.

Nkhondo yoyamba ya dziko lonse itabuka mu 1914, bambo ndi mwana onse analowa m'gulu lankhondo la Ajeremani. Taganizani, mwana wa zaka khumi, msinkhu wa ana anu amene ali kupulaimale. Mu Okutobala 1917, pa nkhondo yoopsa ya ku Mahiwa kum'mwera kwa Tanzania, cipolopolo cinamulasa mwendo ndipo Angerezi anamugwira.

Musaganize kuti nkhondo imeneyo inali ya kutali. Patangotha mwezi umodzi, pa 25 Novembala 1917, mkulu wa asilikali a Ajeremani, Paul von Lettow-Vorbeck, anawoloka mtsinje wa Rovuma pa Negomano n'kulowa m'dziko lathu lino la Mozambique. Apwitikizi ankagwira amuna m'midzi kuti akhale amtengatenga a nkhondoyo, pamwamba pa cibalo ca m'misewu. Kuzunzika kumeneku n'kumene kunautsa nkhondo ya Makombe ku Barue m'caka comweco ca 1917, ndipo moto wake unafika m'cigawo cathu ca Tete mpaka ku Zumbo. Nkhondo imene inavulaza mwendo wa Mahjub ndi yomweyo imene inanyamulitsa akatundu agogo a agogo athu.

Ulendo wa ku Berlin

Ajeremani anagonja, ndipo pa mgwirizano wa ku Versailles wa 1919 analandidwa maiko onse amene ankalamulira mu Africa. Asilikali akuda anatsala opanda bwana, ambiri malipiro awo asanalandire. Mahjub anayamba wagwira maganyu uku ndi uku, kenako mu 1925 anapeza nchito yoperekera zakudya pa sitima za Ajeremani. Kumapeto kwa 1929 anatsika ku Jeremani, napita ku Berlin ku ofesi yoona za maiko akunja. Kumeneko anamuyankha kuti wacedwa, nthawi yolipira ndalama zimenezo inatha kale. Anafuna kumubweza kwawo, koma iye anakana.

Kuti adye, analowa nchito youperekera zakumwa ku Haus Vaterland, nyumba yaikulu ya zisangalalo pakati pa mzinda, imene inali ndi zipinda zokongoletsedwa ngati maiko osiyanasiyana. Anthu akuda ankawalemba kumeneko kuti alendo aziona zacilendo. Analinso kuthandiza kuphunzitsa Ciswahili pa sukulu ya zinenero ya yunivesite ya Berlin, ngakhale malipiro ake anali ocepa poyerekeza ndi a aphunzitsi aciyera. Pa 27 Januwale 1933 anakwatira mkazi waciyera wolankhula Cijeremani. Paja cakudza siciimba ng'oma: patangopita masiku atatu, Adolf Hitler anakhala mtsogoleri wa boma. M'caka comweco iye ndi mkazi wake analandidwa ziphaso za Cijeremani n'kupatsidwa za alendo.

Mzinda wa mafilimu

Kuti mumvetse zimene zinatsatira, muyenera kudziwa kuti Berlin wa masiku amenewo anali cimake ca sinema ku Ulaya. Kampani yaikulu ya mafilimu yochedwa UFA inakhazikitsidwa mu Disembala 1917, nkhondo ili mkati, boma ndi akuluakulu a asilikali atazindikira kuti cithunzi coyenda cimakopa mtima kuposa nyuzipepala. Nkhondo itatha, Ajeremani anapanga mafilimu amene mpaka lero amaphunziridwa m'mayunivesite. Das Cabinet des Dr. Caligari, ya mu 1920, imanena za dokotala wotuma munthu woyenda ali m'tulo kuti azipha anthu. Nosferatu, ya mu 1922, ndi ya anamapopa wobweretsa mliri mumzinda. Metropolis, imene Fritz Lang anatulutsa mu 1927, imaonetsa olemera akusangalala pamwamba, anchito akufera pa makina pansi pa nthaka. Mafilimu onsewa anali opanda mawu. Anthu ankaonera zithunzi n'kumawerenga timawu tolembedwa, oimba akuimba m'holo momwemo. Mawu anadzalowa ca m'ma 1929.

Anthu akuda analimo m'mafilimu amenewa kuyambira paciyambi. Wochuka kwambiri anali Louis Brody wa ku Cameroon, amene anasewera mu filimu ya Fritz Lang ya mu 1921 yochedwa Der müde Tod. Koma malo amene ankapatsidwa anali amodzimodzi: wanchito wa m'nyumba, mlonda, woimba ng'oma, mfumu yolusa ya kuchire.

Hitler atalowa, sinema yonse inagwa m'manja mwa nduna yake yofalitsa nkhani, Joseph Goebbels. Ayuda anacotsedwa nchito, ndipo akatswiri ambiri, Fritz Lang pamodzi, anacoka m'dzikomo. Boma latsopanolo linkafuna mafilimu ouza anthu kuti Ajeremani analandidwa maiko a mu Africa mopanda cilungamo, ndi kuti anthu akuda akuwalira usiku ndi usana kuti abwerere. Filimu yotere siingatheke popanda nkhope yakuda. Apa m'pamene Mahjub anafunika.

Yunifolomu ya m'filimu

Mu 1934 anasewera mu Die Reiter von Deutsch-Ostafrika, kutanthauza okwera pa akavalo a kum'mawa kwa Africa wa Ajeremani. Nkhani yake ndi ya nkhondo yomwe ija imene iye anamenya ali mwana. Kucokera caka cimeneco mpaka 1941 anaoneka m'mafilimu osacepera 23. Nthawi zambiri ankangoima kumbuyo, kutsegula citseko, kunyamula thireyi, mwina kunena mawu awiri atatu basi.

Kunja kwa filimu zinthu zinali kuipiraipira. Anapempha mendulo imene boma linkapatsa amene anamenya nkhondo ya 1914, koma anamumana cifukwa ca khungu, ndipo Lettow-Vorbeck, amene ankachuka ndi nkhani ya kukhulupirika kwa asilikali ake akuda, sanamuthandize. Mahjub anadzipezera yekha menduloyo n'kumaivala. Mu 1935 anacotsedwa nchito ku Haus Vaterland anzake aciyera atamudandaulira. Kenako analowa m'gulu lochedwa Deutsche Afrika-Schau, limene linkayenda m'mizinda kuonetsa anthu akuda akuvina ndi kuimba, anthu n'kumalipira kuti awaone. Ankapitanso kumisonkhano ya anthu ofuna kuti Jeremani abwezeredwe maiko a mu Africa, atavala yunifolomu ya askari. Nkhondo yaciwiri itayamba mu 1939 anapempha kulowa usilikali, ndipo anamukana.

Mwina apa mwayamba kupukusa mutu. Munthu wakuda angaime bwanji pamodzi ndi anthu ofuna kubwezeretsa utsamunda? Funso limeneli ndi loyenera, ndipo sitingamuyeretse ngati analibe colakwa. Koma taonaninso mbali inayi. Anali ndi mkazi ndi ana m'dziko limene malamulo a ku Nuremberg a 1935 anali atagawa anthu potengera magazi. Nchito zinali kutsekeka imodziimodzi. Cinthu cimodzi cokha cimene akuluakulu a boma ankaoneka kuti akucilemekeza mwa munthu wakuda cinali nthano ija ya askari wokhulupirika. Mahjub anaigwira nthanoyo ngati cishango, ndipo ankaigwiritsa nchito polemba makalata odandaula ndi pofunsa zimene ankaona kuti n'zake. Sanali munthu wongokhala cete ayi. Vuto linali lakuti eni nthanoyo ankamukonda askari wa m'filimu, wosafunsa malipiro. Askari weniweni, wokhala ndi pakamwa, sankamufuna.

Filimu yomaliza

Malo aakulu kwambiri amene anapatsidwa anali mu filimu ya mu 1941 yochedwa Carl Peters. Carl Peters weniweni ndi amene anatsegulira Ajeremani njira yolanda kum'mawa kwa Africa mu 1884. Anali wankhanza moti pa Ciswahili anamupatsa dzina lotanthauza dzanja la magazi, ndipo boma lake lomwe linamucotsa nchito mu 1897 cifukwa copacika anthu akuda, mmodzi wa iwo mtsikana amene ankagona naye. Filimuyo inamusandutsa ngwazi. Hans Albers, katswiri wochuka wa nthawiyo, ndiye anakhala Peters, ndipo Mahjub anakhala Ramasan, womulondolera njira wokhulupirika.

Pa nthawi yojambula filimuyi Mahjub anapalana ubwenzi ndi mkazi wina wa Cijeremani, ndipo wina anakamunenera. Apolisi acinsinsi a Gestapo anamugwira pa mlandu umene ankauchula kuti kudetsa mtundu. Kukhoti sanapite naye. Mu Seputembala 1941 anamutumiza ku ndende ya Sachsenhausen, kumpoto kwa Berlin, kumene anapatsidwa nambala 39604. Anapirira kumeneko zaka zitatu, namwalira pa 24 Novembala 1944 ali ndi zaka 40. Ana ake atatu onse anamwalira ali aang'ono, womaliza pa mabomba amene anagwa mu Berlin mu 1945.

Mmene dzina lake linabwererera

Nkhondo itatha, anthu ophunzira anayamba kufunsa kuti mafilimu aja anali kunenanji za dziko limene linawapanga. Siegfried Kracauer, amene anathawa Hitler n'kukafika ku America, anatulutsa buku lochedwa From Caligari to Hitler mu 1947. Iye ankati mukaonetsetsa mafilimu a zaka za m'ma 1920 mupeza mantha a anthu ndi njala yawo yofuna wolamulira wamphamvu, Hitler asanafike n'komwe. Lotte Eisner, amene anathawira ku Paris, anatulutsa lake mu 1952 lochedwa L'Écran démoniaque, lofotokoza luso la kuwala ndi mthunzi m'mafilimu omwewo. Mabuku awiriwa ndiwo anakhala maziko a phunziroli. Maso awo anali pa otsogolera mafilimu ndi akatswiri ochuka, ndipo kwa zaka zambiri anthu akuda oima kumbuyo aja anakhala opanda wowafunsa dzina.

Zinasintha pamene ofufuza ena anayamba kuvundukula mafaelo akale. Marianne Bechhaus-Gerst, wa pa yunivesite ya Cologne, anatolera makalata a m'maofesi a boma ndi a ku yunivesite, kuphatikizapo amene Mahjub analemba yekha, ndipo mu 2007 anatulutsa buku la moyo wake lochedwa Treu bis in den Tod, kutanthauza wokhulupirika mpaka imfa. M'caka comweco, pakhomo pa nyumba imene ankakhala, pa Brunnenstraße 193 mu Berlin, anaikapo kamwala kokutidwa ndi mkuwa kolembedwa dzina lake. Timiyala totere timaikidwa pokumbukira anthu amene boma la Hitler linawapha, ndipo aka kanali koyamba kuikidwira munthu wakuda wa ku Africa. Mu 2009 Tobias Nagl analemba buku lonse lonena za mitundu ya anthu mu sinema ya Ajeremani ya zaka za pakati pa nkhondo ziwirizo. Mu 2013 Eva Knopf anapanga filimu yochedwa Majubs Reise, ulendo wa Mahjub. Anafufuza mafilimu akale aja kufunafuna pamene iye akuonekera, ngakhale pakona penipeni, n'kumuika pakati. Kanali koyamba kuti akhale mwini filimu, atatha zaka pafupifupi 70 ali m'manda.

Kuno kwathu nkhani ya malipiro otsalira ku Jeremani si yacilendo. Mukudziwa za abale athu amene timawachula kuti Madjermane, amene anapita kukagwira nchito ku East Germany potsatira mgwirizano wa 1979. Gawo la malipiro awo linkadulidwa powalonjeza kuti adzalipeza kumudzi. Anabwerera mu 1990, ndipo kwa zaka zambirimbiri akhala akuguba m'misewu ya Maputo Lacitatu lililonse kufunsa ndalama zawo. Boma la Jeremani limene iwo anagwirako nchito ndi lina, nthawinso ndi ina, koma funso lawo Mahjub akanalimva popanda womumasulira.

Tsono tsiku lina mukadzakhala pansi kuonera filimu, kaya pa wailesi ya kanema kaya pa foni, mudzayang'anekonso uyo waima kumbuyo atanyamula katundu, amene sanena kanthu. Filimu ikatha musafulumire kuzimitsa. Dikirani maina aja amene amayenda kumapeto, muone ngati lake lalembedwa.