OLEG PENKOVSKY, MSILIKALI AMENE ADAULULA ZA MIZINGA YA SOVIET UNION

Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha m'chaka cha 1945, padatsala maiko awiri amphamvu kuposa ena onse, America ndi Soviet Union, ndipo posakhalitsa adayamba kuopsezana. America idali ndi bomba la atomiki kuyambira 1945, pamene Soviet Union idaphulitsa lake loyamba mu 1949. Kuchokera pamenepo atsogoleri a mbali zonse ziwiri ankafuna kudziwa kuti mdani wao ali ndi mabomba angati, ndiponso ndege ndi mizinga ingati yotha kufikitsa mabombawo kutsidya kwa nyanja. Kulakwitsa chiwerengero kudali koopsa, pakuti wochulukitsa akadathamangira nkhondo chifukwa cha mantha, ndipo wochepetsa akadagona tulo mdani akunola mkondo. Ntchito yowerengayi idali m'manja mwa mabungwe a ukazitape, ndipo mmodzi mwa anthu amene adathandiza America kukonza mawerengedwe ake adali msilikali wa Soviet Union yomweyo, Colonel Oleg Penkovsky.

Penkovsky adabadwa pa 23 Epulo 1919 mumzinda wa Vladikavkaz, kummwera kwa Russia. Bambo ake adali mkulu wa asilikali m'gulu lolimbana ndi Achikomyunizimu pa nkhondo yapachiweniweni, ndipo adafera komweko mwanayo ali wakhanda. Iye adaleredwa ndi mai ake, nakaphunzira za mifuti ikuluikulu ku Kiev, kumene adatsiriza mu 1939. Adamenya nao nkhondo yolimbana ndi Finland ndiponso yolimbana ndi Germany. Pa nkhondoyo adadziwana ndi mkulu wa asilikali Sergei Varentsov, amene adamtenga ngati mwana wake namkweza pa ntchito. Nkhondo itatha adakwatira mwana wa mkulu wina wa asilikali, naloweranso sukulu zapamwamba za usilikali, kenaka adalembedwa m'bungwe la GRU, nthambi ya ukazitape ya gulu lankhondo.

Mu 1955 adamtumiza ku ofesi ya kazembe wa dziko lake ku Ankara, m'dziko la Turkey, koma adayambana ndi womuyang'anira ndipo adabwezedwa kwao chaka chotsatira. Varentsov adampezera malo pa maphunziro a mizinga mu 1958 ndi 1959. Ali pafupi kutumizidwa ku India, apolisi achinsinsi a KGB adatulukira mbiri ya bambo ake, ulendo nkulephereka. Munthu amene ankayembekeza kukwera adaona njira itatsekeka, ndipo mtima wake udawawa.

Pa nthawiyo America inkavutika kwambiri kudziwa mphamvu za Soviet Union, chifukwa dzikolo lidali lotsekeka, ndipo mlendo sankaloledwa kuyenda mwaufulu. Pa chionetsero cha ndege ku Moscow mu 1955, ndege zoponya mabomba zomwezomwezo zidazungulira ndi kudutsanso kachiwiri pamaso pa alendo, kotero kuti owerenga adapeza chiwerengero choposa chenicheni. Pofuna kudzionera okha, a CIA, bungwe la ukazitape la America, adayamba mu Julayi 1956 kuulutsa ndege ya U-2, yokwera makilomita 21 m'mwamba ndi kujambula zithunzi za pansi. Zithunzizo zidaonetsa kuti ndege zija zidali zochepa. Koma pa 4 Okutobala 1957 Soviet Union idaponya m'mlengalenga setilaiti yoyamba, Sputnik, ndipo aliyense adazindikira kuti mzinga wonyamula setilaiti ungathenso kunyamula bomba mpaka ku America. Mtsogoleri wa dzikolo, Nikita Khrushchev, ankadzitama kuti mafakitale ake akupanga mizinga yambirimbiri.

Posowa umboni wokwanira, akatswiri a ku Washington ankayerekeza poona kukula kwa mafakitale ndi kuchuluka kwa mizinga yoyesedwa, nawerengera imene dzikolo likadatha kupanga litafuna. Motero adalosera kuti pofika 1961 kapena 1962 lidzakhala ndi mizinga yotere mazana angapo. Ndege ya U-2 idaulukira dzikolo maulendo 24 okha, ndipo sikadatha kuona ponse. Pa 1 Meyi 1960 imodzi idagwetsedwa, woyendetsa wake Gary Powers nagwidwa wamoyo, maulendowo nkutha.

Patangopita miyezi itatu, mu Ogasiti 1960, Penkovsky adaimitsa anyamata awiri a ku America pa mlatho wina ku Moscow nawapatsa kalata yopita ku ofesi ya kazembe wao. A CIA adazengereza poopa msampha. Iye tsono adali pa ntchito m'komiti ya boma yoona za sayansi, imene inkalandira alendo amalonda, ndipo kumeneko adakumana ndi Greville Wynne, wamalonda wa ku Britain. Kudzera mwa Wynne uthenga udafika kwa a MI6, akazitape a Britain. Mu Epulo 1961 Penkovsky adapita ku London akutsogolera nthumwi za komitiyo, ndipo usiku, anzake atagona, ankakumana ndi akazitape anai, awiri a CIA ndi awiri a MI6, pa hotela ya Mount Royal. Adakumananso nao ku London mu Julayi ndi ku Paris mu Sepitembala chaka chomwecho.

Adampatsa kamera yaing'ono ya mtundu wa Minox, ndipo nayo adajambula masamba pafupifupi 5,000 a zikalata zachinsinsi. Ku Moscow mafilimu ankawapereka kwa Janet Chisholm, mkazi wa mkulu wina wa ku ofesi ya kazembe wa Britain. Tsiku loyamba adawabisa m'kabokosi ka maswiti kamene adapatsa ana a maiyo pa bwalo losewerera. M'zikalatazo mudali mabuku ophunzitsa kagwiritsidwe ntchito ka mizinga ndi nkhani zimene akuluakulu a asilikali ankalemberana. Pakamwa adaulula zimene ankamva kunyumba kwa Varentsov, zakuti mizinga yofika ku America idali yowerengeka, yambiri ikadali kuyesedwa, ndipo Khrushchev ankangoopseza.

Mau a munthu mmodzi sakwanira kusintha maganizo a boma, pakuti kazitape angathe kunama kapena kunamizidwa. Mwamwai umboni wina udabwera nthawi yomweyo. Kuyambira Ogasiti 1960 masetilaiti a America otchedwa Corona ankajambula Soviet Union ndi kugwetsa mafilimu pansi, ndipo ulendo woyamba wopambana udajambula dera lalikulu kuposa maulendo onse a U-2 pamodzi. Kumene ankaganizira kuti kuli mizinga kudapezeka nkhalango ndi minda. Zithunzi ndi mau a Penkovsky zitagwirizana, lipoti la mu Sepitembala 1961 lidatsitsa chiwerengero kufika pakati pa 10 ndi 25, ndipo pambuyo pake zidadziwika kuti yeniyeni idali yochepera pamenepo. Mwezi wotsatira boma la America lidalengeza poyera kuti ndilo lili patsogolo.

Khrushchev adaona kuti chinsinsi chake chaululika. Adalinso ndi mkwiyo chifukwa cha mizinga ya America imene idali ku Turkey, ndipo ankafuna kuteteza dziko la Cuba, limene America idayesa kugwetsa boma lake mu Epulo 1961. Choncho mu 1962 adatumiza mobisa mizinga ku Cuba, makilomita 150 okha kuchokera ku gombe la America. Apa akatswiri a ku Washington adaphonyanso: mu Sepitembala adalemba kuti nzokayikitsa kuti Khrushchev angachite zotere, popeza adali asadaikepo zida zotere kutali chomwecho. Zida ankatha kuziwerenga, koma cholinga cha mwini zidazo sankachidziwa.

Pa 14 Okutobala 1962 ndege ya U-2 idajambula malo ena pafupi ndi San Cristóbal ku Cuba. Pa zithunzi padaoneka mahema ataliatali, magalimoto ndi malo olambulidwa. Oyesa zithunzi adazindikira kuti ndi mizinga ya mtundu wa R-12, yoponya makilomita 2,000, mtunda woposa wochokera ku Mchinji kukafika ku Johannesburg. Buku la mzinga womwewo, limene Penkovsky adajambula, lidawathandiza kudziwa ntchito ya chida chilichonse pa malopo ndi nthawi yofunika kuti mzinga ukhale wokonzeka. Pulezidenti John Kennedy adadziwa tsono kuti ali ndi masiku angapo oganiza, ndiponso kuti mdani wake ngwochepa mphamvu kuposa iye. Adasankha kutseka njira za panyanja m'malo moponya mabomba, ndipo pa 28 Okutobala Khrushchev adavomera kuchotsa mizingayo.

Penkovsky sadaone mapeto amenewa ali mfulu. A KGB adali akumlondalonda kuyambira kumayambiriro kwa 1962, atamuona ndi Janet Chisholm, ndipo adammanga pa 22 Okutobala, tsiku limene Kennedy adauza dziko lonse za mizinga ya ku Cuba. Wynne adagwidwa ku Budapest pa 2 Novembala. Mlandu wao udazengedwa poyera ku Moscow mu Meyi 1963, miyezi itatu Nyasaland italandira boma lodzilamulira. Penkovsky adaweruzidwa kuti aphedwe ndipo adaomberedwa mwezi womwewo, ali ndi zaka 44. Wynne adalamulidwa kukhala m'ndende zaka 8, koma mu Epulo 1964 adamsinthanitsa ndi kazitape wa Soviet Union amene adali m'ndende ku Britain. Varentsov adatsitsidwa udindo, ndipo mkulu wa GRU, Ivan Serov, adachotsedwa pa mpando.

Kwao Penkovsky adatchedwa wopereka dziko, pamene ku America ndi ku Britain amamuyesa mmodzi mwa akazitape ofunika koposa a nyengo imeneyo. Olemba mbiri amasiyana pa chimene chidamchititsa, ena akuti kudana ndi ulamuliro wa Khrushchev, ena akuti mkwiyo wa munthu womanidwa ulemu. Koma ngakhale padali zikalata zake, masetilaiti ndi ndege, America sidadziwe zonse. Inkayesa kuti ku Cuba kuli asilikali a Soviet Union ngati 10,000, pamene adali oposa 40,000. Sidadziwenso kuti asilikaliwo adali ndi mabomba ang'onoang'ono a nyukiliya oponyera adani ofika pa gombe. Za mabombawa zidaululika pa msonkhano wa ku Havana mu 1992, patapita zaka 30. Kennedy akadamvera omulangiza kuti atumize asilikali pa chilumbacho, akadakumana ndi mabomba amene akazitape ake sadatsimikize kuti alipo.