Hildegard Knef, Mtsikana wa m'Mabwinja a Berlin

Nkhondo yachiŵiri ya dziko lonse, ija imene inatengera asilikali athu a K.A.R. ku Abyssinia ndi ku Burma, inatha m'chaka cha 1945 mzinda wa Berlin uli bwinja lokhalokha. M'mabwinja amenewo ndimo munatulukira Hildegard Knef, mkazi woyamba kutchuka m'kanema wa Ajeremani nkhondo itatha.

Iye anabadwa pa 28 Disembala 1925 mumzinda wa Ulm. Bambo wake anamwalira iye asanathe chaka, ndipo mai wake anasamukira naye ku Berlin. Anayamba ntchito yojambula zithunzi pakampani ya kanema ya UFA, kenaka naphunzira zisudzo. M'masiku otsiriza a nkhondo anali m'chikondi ndi Ewald von Demandowsky, mkulu wa kampani ina ya kanema amenenso anali wa chipani cha Hitler. Monga anafotokozera yekha pambuyo pake, anavala yunifomu ya msilikali kuti asasiyane naye, nagwidwa ndi asilikali a ku Russia, koma anathaŵa. Mwamunayo anaphedwa mwa kuwomberedwa m'chaka cha 1946.

Pa 15 Okutobala chaka chomwecho anthu anaonerera Die Mörder sind unter uns, kutanthauza kuti ambanda ali pakati pathu, kanema woyamba wa Ajeremani chithere nkhondo. M'maŵa mwake akuluakulu a boma la Hitler ananyongedwa ku Nürnberg. M'kanemayo, amene anakonza Wolfgang Staudte, Hildegard ndi Susanne, mtsikana wopulumuka kundende za Hitler, amene pobwerera kunyumba kwake apeza mukukhala dokotala wina chidakwa. Chimene chikumwetsa dokotalayo ndi ichi: pa Khrisimasi ya 1942 anaona kapitawo wake akulamula kuti anthu wamba a ku Poland awomberedwe, ndipo tsopano kapitawo yemweyo walemera, akusula miphika kuchokera ku zipewa zachitsulo za asilikali. Dokotala atenga mfuti, koma Susanne amletsa, popeza mlandu wotere ngwa bwalo lamilandu. N'zodabwitsa ndithu kuti gawo la munthu wozunzidwa linaperekedwa kwa mkazi amene chaka chimodzi chapitacho anali chibwenzi cha mmodzi wa ozunzawo. Komabe anaseŵera modekha, mopanda misozi yambiri, ndipo nkhope yake inakhala ngati chizindikiro cha Germany watsopano.

Atakwatiwa ndi msilikali wa ku America, Kurt Hirsch, anapita ku Hollywood m'chaka cha 1948. Kumeneko anangokhala, malipiro akulandira koma ntchito osapatsidwa.

Anabwerera kwawo kukaseŵera mu Die Sünderin, kapena kuti mkazi wochimwa, kanema wa Willi Forst amene anatuluka mu Januwale 1951. Nkhani yake ndi ya Marina, mkazi woyendayenda amene akonda mmisiri wojambula wodwala chotupa cha m'ubongo. Matenda atakula, Marina ammwetsa mankhwala a tulo kuti afe, nayenso nadzipha. Pena pake Hildegard aoneka wosavala kwa kamphindi kochepa chabe. Dziko linagwedezeka. Kadinala Josef Frings wa ku Köln analemba kalata yodzudzula kanemayo, anthu anaponya mabomba onunkha m'nyumba za kanema, ndipo m'mizinda ina apolisi analetsa kuonetsa. Tinene zoona, chimene chinaŵaŵa atsogoleri a mipingo kwambiri chinali imfa ziŵirizo, pakuti boma la Hitler linali litapha odwala ambirimbiri ponamizira chifundo. Koma anthu wamba chimene anasunga ndi kamphindi kaja, ndipo mlandu wonse unagwera mkazi yekha, osati amuna amene analemba ndi kukonza kanemayo. Hildegard sanamvetse konse kuti mtundu umene unangokhala chete pamene Ayuda anali kuphedwa ungakwiye chotere chifukwa cha thupi la mkazi. Mamiliyoni anakaonererabe, ndipo m'chaka cha 1954 khoti lalikulu linagamula kuti kanema ndi luso lotetezedwa ndi malamulo a dziko.

Ulendo wachiŵiri ku America unamkomera. Anaseŵera ndi Gregory Peck mu The Snows of Kilimanjaro mu 1952, dzina atamsinthira kukhala Hildegarde Neff, ndipo mu 1955 anatsogolera seŵero loyimba la Silk Stockings ku Broadway. Mwai wa kanema utayamba kuchepa anasanduka woyimba, mau ake okhuthala, a munthu wosuta fodya, nyimbo zambiri akupeka yekha. Buku la moyo wake, Der geschenkte Gaul, linatuluka mu 1970 namasuliridwa m'zinenero zambiri. Lina la mu 1975 linasimba poyera za khansa yake ya m'maŵere, panthaŵi imene akazi anali kubisa nthendayi.

Kuyambira 1950 anali nzika ya America, ndipo unzika wa kwawo anautenganso mu 2001. Anamwalira ndi nthenda ya m'mapapo ku Berlin pa 1 Febuluwale 2002, ali ndi zaka 76.