Humphry Davy, munthu amene anatulutsa chitsulo m'phulusa

Mayi wa pa Phalombe Boma akafuna kuphika therere, amatentha zitsononkho za chimanga, n'kuthira madzi paphulusalo m'chitini choboola pansi. Madzi amene amadonthawo ndiye chidulo. Ena masiku ano amangogula soda pamsika. M'chidulomo muli chitsulo chotchedwa potaziyamu, ndipo m'soda muli mnzake, sodiyamu, yemwenso ali mumchere wa m'ndiwo ndi m'madzi amchere a m'nyanja ya Chilwa. Zitsulo ziwirizi n'zofatsa zikakhala m'mchere ndi m'chidulo, koma zikakhala pazokha n'kugwera m'madzi zimalusa. Munthu woyamba kuzipatula n'kuziona ndi maso anali Humphry Davy.

Davy anabadwa pa 17 Disembala 1778 ku Penzance, m'chigawo cha Cornwall ku England. Bambo ake anali osema ziboliboli za mitengo ndipo anamwalira mu 1794, mnyamatayo asanakwanitse zaka 16. Chaka chotsatira anakalowa ntchito yophunzira kwa dokotala wina wa m'tauniyo amene ankasakanizanso mankhwala. Kuyunivesite sanapiteko, sayansi anaiphunzira yekha powerenga ndi poyesa zinthu. Mu 1798 Thomas Beddoes anamutenga kukagwira ntchito ku Bristol, kumene ankafufuza ngati mipweya ingachize matenda. Davy ankayesa mipweyayo poipuma iye mwini, ndipo tsiku lina anangotsala pang'ono kufa. Khalidwe losaopa ngozili silinamuchoke.

Mu 1801 anasamukira ku Royal Institution ku London. Chaka chimodzi m'mbuyomo, Alessandro Volta wa ku Italy anali atapanga batire loyamba, ndipo Davy anakhulupirira kuti mphamvu imene imamanga zinthu pamodzi ndi yamagetsi, choncho magetsi omwewo akhoza kuzimasula.

Anasankha chinthu chimene akatswiri onse anali atachilephera: mankhwala owotcha khungu opangidwa kuchokera ku potash, dzina limene m'Chingelezi likutanthauza phulusa la mumphika. Ameneyu ndi m'bale weniweni wa chidulo. Atawasungunula m'madzi n'kudutsitsamo magetsi, anangopeza mipweya yochokera m'madzimo. Pa 6 Okutobala 1807 anatenga chibulumwa chouma, chachinyontho pang'ono chabe, n'kuchilumikiza ku batire lalikulu. Chinayamba kusungunuka, ndipo panatuluka timadontho tonyezimira ngati siliva, tina tikuphulika n'kuyaka. Msuweni wake Edmund Davy, amene ankamuthandiza, anasimba kuti Humphry anavina m'chipindamo chifukwa cha chimwemwe. Patangopita masiku ochepa anapatulanso sodiyamu.

Kachidutswa ka potaziyamu kakaponyedwa m'madzi sikamira, pakuti n'kopepuka kuposa madzi. Kamathamanga uku ndi uko pamwamba, kakulira ngati mafuta otentha, kenako n'kuyaka lawi la mtundu wa pepo. Davy anaona zonsezi, koma chifukwa chenicheni sakanatha kuchifotokoza, popeza elekitironi inadzatulukiridwa mu 1897 ndi J. J. Thomson, Davy atagona kale m'manda.

Lero wophunzira wa sekondale aliyense amene akukonzekera mayeso a MSCE amauzidwa kuti atomu ya sodiyamu ndi ya potaziyamu ili ndi elekitironi imodzi yokha kunja kwenikweni, yogwiridwa mofooka. Ikakhudza madzi, atomuyo imataya elekitironiyo msanga. Madzi akailandira amagawanika, n'kutulutsa mpweya wa haidrojeni umene suchedwa kuyaka, komanso kutentha kwambiri. Potaziyamu amasungunuka pa madigiri 63 okha, sodiyamu pa 98, choncho chitsulocho chimasanduka dontho lamadzimadzi, ndipo mbali yatsopano imakhudza madzi mosalekeza. Atomu ikakhala yaikulu, elekitironi yakunja imakhala kutali ndi pakati, motero imachoka mosavuta. N'chifukwa chake lithium amangochita thovu, sodiyamu amathamanga pamadzi, potaziyamu amayaka, pamene caesium amaphulika nthawi yomweyo. N'chifukwa chakenso m'malabotale zitsulozi amazisunga m'mafuta.

Panatsala funso limodzi: bwanji mpweya ndi nthunzi sizitchinga chitsulocho kuti chisapitirize kukhudza madzi? Mu 2015 gulu la Pavel Jungwirth ku Prague linajambula zochitikazi ndi kamera yothamanga kwambiri. Linapeza kuti maelekitironi amathawa mofulumira kotero kuti maatomu otsalawo, onse okhala ndi mphamvu yamagetsi yofanana, amakankhana, ndipo dontholo limatulutsa minga yoloŵa m'madzi haidrojeni asanayake n'komwe. Davy akanakondwera kumva kuti gwero la kuphulikako ndi magetsi.

Apa m'pamene pamaoneka chifukwa chake chidulo sichiphulika mumphika. Potaziyamu wa m'phulusa anataya kale elekitironi yake, ndipo alibenso china chopereka. Batire la Davy linamubwezera elekitironiyo mokakamiza, ndipo ukali wa m'madzi uja ndi chitsulo chikubweza msanga chimene chinapatsidwa.

Mu 1808 Davy anapatulanso calcium, magnesium, barium ndi strontium. Mu 1812 anapatsidwa ulemu wa Sir, koma chaka chomwecho mankhwala ena anamuphulikira n'kumuvulaza diso. Ngoziyo ndiyo inamuchititsa kufuna womulembera, ndipo anapeza Michael Faraday, mnyamata womanga mabuku amene anadzalembedwa ntchito ku Royal Institution mu 1813. Mu 1815 Davy anapanga nyali yotchingidwa ndi waya woluka, yoteteza anthu a m'migodi ya malasha ku mpweya wophulika, ndipo anakana kuilembetsa kuti azipezerapo ndalama.

Kutchuka kunamuwonongera mtima pang'ono. Anakangana ndi George Stephenson pa nkhani ya amene anayamba kupanga nyaliyo, ndipo ali mtsogoleri wa Royal Society, udindo umene anaulandira mu 1820, anayesa kutsekereza Faraday kuti asaloŵe m'bungwelo. Faraday analoŵabe mu 1824.

Matenda a sitiroko anamufooketsa, ndipo anatula pansi udindowo mu 1827 n'kuyamba kuyendayenda m'maiko a ku Ulaya kufunafuna mpweya wabwino. Anamwalira ku Geneva pa 29 Meyi 1829 ali ndi zaka 50, ndipo anaikidwa komweko.