Du Chisiza: Wamasewelo Amene Anakhala Nduna

Ife a mu Lusaka tikamva za masewelo timaganiza za Lusaka Playhouse, kumene ambili amasewela madzulo akacoka ku nchito zina. Ku Malawi kunali munthu amene anafuna kuti sewelo palokha likhale nchito yodyela. Munthuyo ndi Du Chisiza Jr.

Anabadwa mu March 1963, atate ake atamwalila kale. A Dunduzu Chisiza, mmodzi wa omenyela ufulu wa Nyasaland, anafa pa ngozi ya galimoto pa Thondwe mu September 1962, imfa imene ambili anaikayikila. Mu 1967 asilikali a boma la Dr Banda anapha a Yatuta Chisiza, mbale wao wa a Dunduzu, amene anatenga mfuti kulimbana ndi bomalo. Mwana anakula ndi dzina lolemela cotelo.

Luso lake linaonekela akali pa sukulu ya HHI ku Blantyre, pamene sewelo lake, The Deceased's Attack, linapambana mpikisano wa masukulu mu 1982. Anakaphunzila za masewelo ku Philadelphia, ku America, ndipo atabwelela mu 1987 anayambitsa Wakhumbata Ensemble Theatre, gulu loyamba m'Malawi lokhalila masewelo. Anali kulemba yekha, kuphunzitsa anzake, ndi kusewela yekhanso.

Masiku amenewo sewelo lililonse linali kuyamba lapita ku Censorship Board. Conco Du anaphunzila kukamba mophiphilitsa. Mu Papa's Empire oonelela anali kudziwa kuti Papayo ndani.

Ndiye cifukwa cake anthu anadabwa mu 1993 pamene analowa cipani ca MCP nakhala nduna ya acinyamata, masewela ndi cikhalidwe. Kutumikila boma limene linapha mbale wa atate ako? Ena anati wagulidwa, ena anati afuna kuthandiza aluso ali mkati. Ine ndiona kuti anataya zambili kuposa zimene anapeza, pakuti undunawo unatha mu 1994 MCP italuza masankho.

Anabwelela ku masewelo, kenaka analowa UDF. Anamwalila mu February 1999 ali ndi zaka 35 cabe, atalemba masewelo oposa 20. Gululo linatsala m'manja mwa Gertrude Kamkwatira, amene nayenso anamwalila mu 2006.