Gus Grissom: Mwamuna wa zitseko ziwiri

Tikamakamba za ulendo wa ku mwezi timachula Neil Armstrong, koma timaiwala amene anafera m'njira. Mmodzi wa iwo ndi Virgil Grissom, amene anzake anali kumuitana kuti Gus.

Grissom anabadwa pa 3 April, 1926, m'tauni yaing'ono ya Mitchell ku Indiana, m'dziko la America. Atate ake anali kusewenza ku kampani ya sitima za pamtunda. Anaphunzira za makina pa univesiti ya Purdue, ndipo pa nkhondo ya ku Korea anaulutsa ndeke maulendo 100. Mu 1959 bungwe la NASA linamusankha pakati pa amuna asanu ndi awiri oyamba kukonzekera ulendo wa mumlengalenga.

Pa 21 July, 1961, anauluka mphindi 15 m'combo cochedwa Liberty Bell 7. Atatera panyanja, citseko cinatseguka nthawi isanakwane. Madzi analowa, combo cinamira, ndipo iye anapulumukira mkamwa mwa mbuzi. Ena anamunena kuti anatsegula yekha cifukwa ca mantha, koma iye anakana. Akulu a nchito anamukhulupirira, ndipo mu 1965 anatsogolera ulendo wa Gemini 3, nazungulira dziko katatu.

Pamenepo America inali pa mpikisano ndi Soviet Union, ndipo inafuna kufika ku mwezi 1970 isanakwane. Grissom anaikidwa kutsogolera ulendo woyamba wa Apollo. Iye anadandaula kuti nchito inali ndi zolakwika zambiri, koma masiku anali kuthamanga.

Pa 27 January, 1967, ku Cape Kennedy, Grissom, Ed White ndi Roger Chaffee analowa m'combo kukayesa cabe makina, ali pansi pano. M'katimo anapoperamo mpweya wa okosijeni wokhawokha, umene umakoleza moto koposa. Munalinso nsalu za nailoni. Moto unabuka, ndipo ofufuza anapeza kuti mwacionekere unayambira pa mawaya a magetsi. Citseko cinali cotsegukira m'kati, ndipo mphamvu ya mpweya wotentha inacikanikiza. Anzao a panja anatenga pafupifupi mphindi zisanu kuti atsegule. Anapeza onse atatu atafa ndi utsi. Grissom anali ndi zaka 40, ndipo anasiya mkazi ndi ana awiri aamuna.

Maliro atatha ndi pamene zinthu zinakonzedwa. Anapanga citseko cotsegukira panja m'kanthawi kocepa, anacepetsa nsalu zogwira moto, nakonzanso mawaya. Pa combo cokonzedwaci ndi pamene anzake anafika ku mwezi mu July 1969.

Akulu anati kuthamanga sikufika. Ife amene timatuma ena nchito, kaya pacigayo kaya pomanga chalichi, timvere wanchito akanena kuti cipangizo sicili bwino. Kukonza kumene kunacitika atafa amuna atatuwa kukanatheka iwo akali moyo.