Bambo Gonçalo da Silveira: mphekesera zinawapha, imfa yawo n'kuphetsanso ena

Madzi onse amene amatsika m'mapiri a kuno ku Masambanjati amakathera mu Shire, ndipo Shire naye amakathira mu Zambezi. Mumtsinje wa Zambezi momwemo, m'chaka cha 1560, munadutsa wansembe wina wachikatolika wochokera ku India, dzina lake Gonçalo da Silveira. Apa n'kuti kutatsala zaka pafupifupi 300 kuti David Livingstone aone Shire. Ambiri a ife sitinaphunzire za munthuyu kusukulu, komatu mbiri yake ikutikhudza.

Gonçalo anabadwa m'chaka cha 1526 ku Almeirim, m'dziko la Portugal, m'banja lolemera ndi lodziwika kunyumba ya mfumu. Mayi ake anamwalira iye atangobadwa, choncho analeredwa ndi mlongo wake. Atapita kukaphunzira ku Coimbra, mnyamatayu anasiya zonse za ulemerero wa kwawo ndipo mu 1543 analowa chipani cha Ajezwiti. Chipanichi chinali chakhanda, poti Papa anali atangochivomereza mu 1540 pansi pa utsogoleri wa Ignatius wa ku Loyola.

Mu 1556 Bambo Silveira anafika ku Goa, mzinda umene Apwitikizi ankalamulira kugombe la India, kukakhala mkulu wa Ajezwiti a chigawo chonsecho. M'chaka chomwecho, kumpoto kwa India, mnyamata wa zaka 13 wotchedwa Akbar analowa ufumu wa Mughal, umene agogo ake a Babur anayambitsa mu 1526. Dzina la Akbar tilisunge, tilipezanso kutsogoloku.

Ku India Bambo Silveira anali munthu wodzimana ndi wolimbikira ntchito, koma analinso wouma mtima pa nkhani za chipembedzo. Mu 1557 ku Cochin anali m'gulu la amene anatsogolera kufufuza mabanja achiyuda omwe analowa chikhristu, powaganizira kuti akupitiriza chiyuda mobisa. Ena mwa anthuwa anamangidwa n'kutumizidwa ku Lisbon kukazengedwa mlandu. Izi tiyenera kuzinena, pakuti mbiri ya munthu siphikidwa mbali imodzi.

Atatha zaka zitatu pa udindowo, anatumizidwa kuno ku Africa. Anafika pachilumba cha Mozambique kumayambiriro kwa 1560, n'kuyamba ntchito kufupi ndi Inhambane, komwe anabatiza mfumu Gamba ndi anthu ake mazanamazana. Koma mtima wawo unali kwa mfumu yaikulu ya Mwenemutapa, imene inkalamulira dziko la golide kummwera kwa Zambezi. Anakwera mtsinjewo kudzera ku Sena ndi ku Tete, kenaka n'kuyenda pansi mpaka anafika kulikulu la mfumu pa nyengo ya Khirisimasi ya 1560.

Mfumuyo, Negomo Mupunzagutu, inali yachinyamata ndipo inali isanakhazikike bwino pampando. Inalandira mlendoyu mwaulemu ndi mphatso za golide, ng'ombe ndi antchito. Bambo Silveira anakana zonsezi. Kukanako kunadabwitsa anthu zedi, chifukwa Mpwitikizi aliyense amene iwo ankamudziwa ankabwerera chuma basi. Wansembeyu anapatsa mfumu chithunzi cha Maria, ndipo pasanathe mwezi mfumu inabatizidwa pamodzi ndi mayi ake ndi anthu ena pafupifupi 300. Inapatsidwa dzina lakuti Sebastião, lomwe linali dzina la mfumu ya ku Portugal.

Apa ndi pamene zinthu zinayambira kuvuta. Kulikuluko kunali amalonda achisilamu ochokera kugombe, amene makolo awo anagula golide ndi minyanga m'derali kwa zaka zambiri Apwitikizi asanafike. Iwowa anaona kuti malonda awo awathera. Malinga ndi zomwe analemba Apwitikizi a nthawiyo, amalondawa anauza mfumu kuti mlendoyu ndi kazitape wa akuluakulu a ku Goa, ndiponso kuti ndi mfiti, yomwe madzi ake a ubatizo ndi mankhwala olandira dziko. Mfumu inachita mantha. António Caiado, wamalonda wachipwitikizi amene ankakhala pafupi ndi mfumu, anachenjeza Bambo Silveira kuti achoke, koma iwo anakana kuthawa. Usiku wa pakati pa 15 ndi 16 Malichi 1561 anthu a mfumu anawapotokola khosi ndi chingwe n'kutaya mtembo wawo mumtsinje wa Musengezi. Anafa ali ndi zaka 35, atakhala kulikuluko miyezi yosakwana itatu.

Nkhani ikanathera pomwepa bwenzi tikuti ndi ya wofera chikhulupiriro basi. Koma imfayi inapatsa boma la Portugal chifukwa chimene linkafuna. Mu 1569 mfumu Sebastião inatumiza Francisco Barreto, yemwe anali bwanamkubwa ku Goa pa nthawi imene Bambo Silveira anali kumeneko, ndi asilikali pafupifupi 1,000. Ankati akukalipsira imfa ya wansembe, koma maso anali pa migodi ya golide. Atafika ku Sena, akavalo ndi asilikali anayamba kufa ndi matenda a m'chigwa. Mphekesera inabukanso, ulendo uno yakuti Asilamu a ku Sena akuthira chiphe m'madzi ndi m'msipu. Mjezwiti amene anali paulendowo, Francisco Monclaro, anali mmodzi mwa okhulupirira zimenezi. Amalonda achisilamu a ku Sena anagwidwa n'kuphedwa mwankhanza zosaneneka. Barreto mwiniwake anafera ku Sena komweko mu 1573, migodi ija asanaione n'komwe.

Taonani tsono, awerengi. Mphekesera yoyamba inapha mkhristu, yachiwiri inapha Asilamu. Ndipo mantha a amalonda aja sanali opanda pake kotheratu, poti pambuyo pa mtanda kunabweradi mfuti. Chinalakwika n'chakuti mbali zonse ziwiri zinaweruza mlandu ndi mantha, popanda umboni, popanda kumva mbali ya woimbidwa mlandu.

Tsopano tibwerere kwa Akbar uja. Iyeyu anali Msilamu wolamulira dziko lomwe anthu ake ambiri anali Ahindu. Mu 1564 anathetsa msonkho umene anthu osakhala Asilamu ankakhoma. Mu 1575 anamanga nyumba yokambiranamo za zipembedzo ku Fatehpur Sikri, kenaka n'kutumiza uthenga ku Goa kupempha ansembe. Mu 1580 kunafika Ajezwiti atatu: Rodolfo Acquaviva, Antonio Monserrate ndi Francisco Henriques. Ansembewa sankanyengerera polankhula, ndipo mawu awo ankapsetsa mtima aphunzitsi achisilamu a kunyumba ya mfumu. Akbar anawateteza, mpaka anapereka mwana wake Murad kuti aphunzitsidwe ndi Monserrate. Gulu lina la Ajezwiti, lotsogozedwa ndi Jerome Xavier, linafika mu 1595 ndipo linaloledwa kumanga matchalitchi ku Lahore ndi ku Agra. Akbar anamwalira mu 1605 asanabatizidwe, koma palibe wansembe amene anafera m'manja mwake. Bambo Acquaviva anaphedwa mu 1583 atabwerera kudera la Apwitikizi, pamudzi wa Cuncolim, pomwe anthu anali ndi mkwiyo chifukwa cha akachisi awo amene anagwetsedwa.

Negomo anabatizidwa msanga, n'kupha mlendo msanga. Akbar anakana ubatizo, koma anamvetsera kwa zaka zambiri. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo pa mafumu awiriwa wodekha akudziwika yekha.

Mwina wina afunsa kuti kodi zakalekalezi zikutikhudza bwanji ife othyola tiyi ndi olima nthochi? Abale anga, tisaiwale za 2017. Mphekesera ya anamapopa itabuka ku Mulanje inafalikira ku Phalombe, kuno ku Thyolo mpaka ku Blantyre. Misewu inatsekedwa ndi miyala, magalimoto anaswedwa, azaumoyo ankaopa kulowa m'midzi, ndipo anthu angapo anaphedwa chifukwa chongooneka achilendo. Bungwe la United Nations linachotsa antchito ake m'madera ena. Opopa magaziwo mpaka lero palibe anawaonetsa pabwalo la milandu ndi umboni. Komatu boma lathuli ladzala ndi zidzukulu za alendo, pakuti makolo a Alhomwe ambiri anawoloka malire kuchokera ku Mozambique kudzagwira thangata m'maesiteti. Akanalandiridwa ndi miyala bwenzi ambirife kulibe.

Dzina la Bambo Silveira likadalipo ku Zimbabwe, pa Silveira House, malo a Ajezwiti ophunzitsirapo anthu za chitukuko kufupi ndi Harare. Mayina a amalonda ophedwa ku Sena ambiri anaiwalika. Onsewa anafa imfa imodzi, ya manong'onong'o. Choncho mafumu athu, akuluakulu a mipingo ndi mizikiti, mukamva kuti uje ndi mfiti, uje ndi namapopa, yambani mwafunsa: wanena ndani, waona ndani, ndipo apindulapo chiyani? Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.