Moyo wa Du Chisiza, Mlembi wa Masewero

Du Chisiza anabadwa pa 26 March 1963, atate wake, Dunduzu Chisiza, atamwalira kale mu September 1962. Chotero sanaone nkhope yao. Anaphunzira ku Henry Henderson Institute, pa Mishoni ya Blantyre, ndipo mu 1982 sewero lake, The Deceased's Attack, linapambana pa mpikisano wa masukulu. Atabwerako ku maphunziro ku Philadelphia, anayambitsa gulu la Wakhumbata mu 1987. Masiku amenewo munthu sanali kudzudzula akulu a boma poyera, koma iye anabisa chidzudzulo m'masewero a Chingerezi, monga Papa's Empire. Anamwalira pa 24 February 1999, ali ndi zaka 35 zokha. Abale odziwa Chingerezi, funani masewero ake, muwawerenge, ndi kuwamasulira kwa ana anu.